Anthu a Makoti Oyera

Mponela
11 Marichi 2024

Wokondedwa Lemani,

Ndikhulupirira uli bwino ku Qatar kwakoko. Kuno tilipo, mvula yokha ndiyo yatichita chipongwe, chimanga chapserera chisanamasule n'komwe. Ana akupereka moni kwa amalume awo. Ndalemba papepala n'kujambula ndi foni monga mwa nthawi zonse, poti iwe ukakhala pa ntchito foni amakulanda, ndipo ine ndikamalankhula ndimaiwala theka la zomwe ndimafuna kunena.

Shuga wa abambo watsika. Mapiritsi akumwa, ngakhale m'mawa uliwonse imakhala nkhondo. Ndikangoti, "Lemani wafunsa ngati mwamwa," amayang'ana kumbali ngati sanamve, koma dzanja limapita lokha pa botolo. Pa za mankhwala amakumverabe, kungoti sangavomere.

Tsopano khala pansi ndikuuze. Abambo atchula dzina lako! Inetu ndinali nditataya kale mtima. Kuchokera tsiku lija anakufunsa pakhonde kuti, "Kodi n'zoona kuti mwana wa mkulu wa mpingo akuphunzitsa ana a eni kusukulu kuti makolo awo anali anyani?" iwe n'kuyamba kufotokoza za m'mabuku m'malo mongoti ayi, dzina lako m'nyumba muno linasanduka "uja". Tsiku lonyamuka lija ukudziwa wekha kuti anapita kudimba dala kuti asakudalitse.

Nkhani yake ndi iyi. Kunabwera abusa ena alendo, ndiye anasiya filimu yonena za chilengedwe, kuti dziko linalengedwa ndendende monga Genesis akunenera. Abambo aikonda koopsa ngakhale sakumvamo kanthu. Akufuna aionetse kutchalitchi ndi purojekita ya mpingo, koma mzungu wake amalankhula chizungu cha m'mphuno, chothamanga. Ndinati tipite nayo kwa aja omasulira mafilimu a nkhondo pamsika, anakana, akuti pakamwa pawo ndi pauve. Ndiye dzulo tikudya anangoti, "Lemani chizungu amachimva." Basi. Ine mbamu inandigwa m'manja.

Filimuyo ndakutumizira. Uimasulire m'Chichewa, ujambule mawu ako. Ndipo ndikukuchenjezeratu, usayambe zauphunzitsi zako zija. Munthu wamkulu watsegula chitseko pang'ono, iwe ingolowa.

Ndine mlongo wako,
Felister


Al Muntazah, Doha
19 Marichi 2024

Achemwali,

Kalata yanu ndinaiwerenga m'basi pochokera ku duty, ndipo ndinapita kukakhala mpando wakumbuyo kuti anzanga asaone nkhope yanga. Ine ndili bwino. Ntchito ndi yomwe ija, kuima pakhomo la nyumba yaitali ku Al Dafna, kutsegulira mabwana chitseko ndi kuyang'ana makamera. Mphunzitsi wa sayansi wa dzana, lero ntchito yake ndi "good morning sir".

Filimu ndaionera. Zithunzi zake n'zokongola, sindikana. Mzungu wa chipewa amaima m'mphepete mwa chiphompho chachikulu n'kumaloza miyala yosanjikizana, akuti yonseyo inasanjidwa ndi chigumula cha Nowa m'chaka chimodzi. Akuti dziko lili ndi zaka zikwi zisanu ndi chimodzi zokha, ndipo zilombo zikuluzikulu zakale zija zinalowa nawo m'chingalawa. Munthuyo amaoneka kuti amakonda Mulungu. Koma achemwali, pa za miyala akulakwa, ndipo ena mwa asayansi amene akuwaonetsa amawadula mawu pakati kuti amveke ngati opusa. Zimenezo zandipweteka.

Inu mukudziwa kuti sindinauzepo mwana aliyense kuti agogo ake anali nyani. Ndipo Mulungu sindinamusiye. Kuno tchalitchi timapita Lachisanu, ndipo ine sindijomba. Tsiku lina la off tinapita kuchipululu, kutali ndi nyanja, ndinatola mwala wokhala ndi chigoba cha nkhono m'kati mwake. Nditaganiza zaka zosawerengeka zimene kanthu kameneko kanagona pamenepo, ndinachita mantha ndi ukulu wa Mulungu kuposa mmene ndinachitirapo m'tchalitchi. Izi n'zimene ndinkafuna kuwauza abambo pakhonde paja, koma anaimirira ndisanamalize.

Ndimati ndikane. Ndiye Cassim, mnzanga wa ku Mangochi amene timagona chipinda chimodzi, dalaivala, anandiseka. Akuti, "Iwe habibi, m'bale wanga, womasulira si mwini nkhani. Mzungu akalakwa, walakwa mzungu. Ine bambo anga anamwalira ndili kuno, iwe ako akukuitana ndipo ukuwerenga zaka za miyala?"

Khalas, basi, ndachita kugonja. Ndiimasulira. Sindikunama achemwali, ndatopa kukhala "uja". Ndikufuna ndimve abambo akunditchula kuti mwana wanga, ngakhale kamodzi kokha.

Mapiritsi asadumphitse. Moni kwa ana.

Lemani


Al Muntazah, Doha
8 Epulo 2024

Achemwali,

Muli bwanji nonse? Ntchito ija yatha, ndatumiza. Mukapatse wa makompyuta pa Mponela alumikize mawu ndi zithunzi.

Koma ndavutika! Sabata ino ndili shift ya usiku, ndiye ndimajambula masana anzathu a m'chipinda ali ku ntchito. AC inkamveka m'mawu ngati chigayo, ndiye tinkaizimitsa, ine n'kudzifunditsa bulangete kumutu kuti phokoso la magalimoto lisalowe. Bulangete ku Doha, achemwali! Ndinkatulukamo ngati ndagwera m'chitsime.

Poyamba ndinamasulira liwu ndi liwu. Cassim atamvera anayamba kuyasamula dala. Akuti, "Izi ndi nkhani za pawailesi kapena chilengezo cha maliro? Kwathu filimu sitimasulira chonchi. Amayi a ku Mponela agona mphindi zisanu zisanathe. Yalla, tiye, thira mchere!" Ndipo amanena zoona, tonse tinakulira m'mavidiyo a pamsika, tikudziwa kuti womasulira wabwino amawonjezera zake kuti anthu aseke. Ndinayambiranso. Mzungu uja ndamutcha Bambo Chipewa. Zilombo zikamalowa m'chingalawa ndikuti, "Pang'onopang'ono achimwene, mchira usatsale panja." Ndiye pali malo ena pamene akuonetsa asayansi atavala makoti oyera, akuyang'ana m'timabotolo. Bambo Chipewa pamenepo sakulankhula, ndi nyimbo yokha. Ine ndaikapo kuti, "Taonani anthu a makoti oyerawa! Sukulu mbwee, koma bodza lili tho m'matumba. Akakuuzani kuti kwacha, tulukani mukaone nokha." Cassim anaseka mpaka kugwa pabedi.

Nditamvera ndekha pambuyo pake sindinaseke kwenikweni. Koma ngati abambo asangalala, mafi mushkila, palibe vuto.

Mundiuze mmene ziyendere.

Lemani


Mponela
29 Epulo 2024

Lemani iwe,

Ndiyambire pati? Tili bwino tonse. Filimu yako taionetsa Loweruka. Tinapachika nsalu yoyera pakhoma la tchalitchi, jenereta panja, anthu mpaka m'mawindo. Kunabwera ndi a mipingo ina omwe. Mawu ako atangomveka pa sipika amayi ena anakuwa kuti, "Ameneyo si Lemani wa a Mlongoti?" Ndiye kuseka kwake! Pa mchira paja ana anachita kugubuduka pansi. Pa makoti oyera paja anthu anawomba m'manja, mpaka anapempha kuti tibwezere. Panopa pamjigo aliyense akangonama pang'ono akumuuza kuti bodza lili tho m'matumba.

Koma ine filimuyo sindinaionere bwino, ndimayang'ana abambo. Anakhala kutsogolo ndi jekete lawo la mgonero lija, chipewa chili pabondo. Sanaseke ngakhale kamodzi. Misozi inkangotsika, iwo osaipukuta. Itatha, iwe utamalizanso pemphero limene unaika kumapeto, anaimirira n'kuuza mpingo wonse kuti, "Mwana wanga anatayika, koma mwamumva nokha." Ine ndinatuluka panja kukalira kuseri kwa jenereta, komwe kunalibe wondimva.

Akulembera kalata ndi dzanja lawo, ndaijambula pamodzi ndi inoyi. Pafoni akuti sangalankhule, makutu awo samva bwino, komanso akuti nkhani zenizeni munthu amalemba. Makalata ako ndizikhala ndikuwawerengera ine, poti zilembo za pafoni sakuziona.

Wachita bwino, mbuzi iwe. Wachita bwino.

Felister


Mponela
29 Epulo 2024

Mwana wanga Lemani,

Ndikupatsa moni m'dzina la Ambuye. Ine ndili bwino, mwina iwe kumeneko.

Ndamva mawu ako. Poyamba ndinkaopa kuti ungowerenga ngati munthu wolembedwa ganyu, koma ndamva kuti zikuchokera mumtima. Munthu sangalankhule motero zinthu zimene sazikhulupirira.

Unkaganiza kuti ndinakukwiyira chifukwa cha manyazi a kumpingo. Manyazi analipo, koma chachikulu si chimenecho. Amayi ako atamwalira, chimene chinandiimiritsa ndi lonjezo lakuti akufa adzauka. Ndiye iwe unabwera n'kundiuza kuti tsamba loyamba la Buku Lopatulika silitanthauza zimene likunena. Ndinadzifunsa kuti, ngati tsamba loyamba lili choncho, nanga la kuuka kwa akufa ndilidalire bwanji? Amayi ako ndidzawaona bwanji? Sindinathe kukuyankha chifukwa sukulu ndilibe, ndiye ndinangotseka pakamwa.

Lero iwe amene unaphunzira nawo anthu amenewo, amene ukudziwa za m'kati mwawo, wachitira umboni kuti ndi onama. Mtima wanga wakhala pansi.

Tsiku lija ndinapita kudimba ndinalakwa. Mulungu akudalitse pa ntchito yako, akusunge polowa ndi potuluka, akubweze kuno ndi moyo.

Ndine bambo ako,
Grayson Mlongoti


Al Muntazah, Doha
14 Julaye 2024

Achemwali,

Kodi kwagwanji kumeneko? Ndalemba kawiri konse osayankhidwa. Ndikaimba mukungoti "tili bwino, netiweki ikuvuta" n'kudula. Ngati ndakulakwirani nenani.

Kuno kukutentha ngati tili m'uvuni, koma ine ndikuyenda ngati munthu wokwezedwa pa ntchito. Kalata ya abambo ndinakaisindikiza papepala, imakhala m'thumba la yunifomu. Supervisor anandipeza ndikumwetulira ndekha pakhomo n'kufunsa ngati ndapeza mkazi. Ndayamba kale kupempha leave ya Disembala, inshallah ndidzadya Khrisimasi pakhonde lomwe lija.

Pali mawu ena m'kalata mwawo amene amandisowetsa mtendere, aja akuti ndachitira umboni. Koma ndikuti zimenezo tidzakambirana pang'onopang'ono ndikadzabwera.

Shuga wawo ali bwanji? Ku sikelo ya odwala shuga ya mwezi uno anapita? Ndiyankheni chonde.

Lemani


Mponela
22 Julaye 2024

Lemani,

Netiweki ilibe mlandu, ndimakuthawa ndine. Ndimati ndithana nazo ndekha, koma zandikanika.

Abambo anasiya kumwa mapiritsi mu Meyi. Filimu ija akuyenda nayo m'mipingo yonse ya kuno, ndipo m'mawa uliwonse amandiuza ndiwaikire mawu ako pafoni, amamvera akumwa tiyi. Tiyi wake wa shuga, Lemani, masupuni odzaza! Tsiku la sikelo ndinawakokera kuchipatala. Adokotala atawayeza anati shuga wakwera kwambiri. Abambo anayang'ana khoti lawo loyera lija kuyambira kukhosi mpaka m'matumba, n'kunena mofatsa kuti, "Mwati wakwera? Ndituluke ndikaone ndekha." Anatenga ndodo yawo n'kumapita. Ine manyazi, kusowa poyang'ana.

Kunyumba ndinayesa njira yakale ija, ndinati, "Lemani wafunsa ngati mwamwa." Anaseka. Akuti uja anali Lemani wakale, wa lero maso ake anatseguka. Ndinawanamizanso kuti walemba kuti madokotala ndi ena, asayansi a miyala ndi ena. Akuti, "Khoti ndi lomwelo, sukulu ndi yomweyo. Amene ananama za chiyambi cha munthu angadziwe bwanji za magazi ake?" Abusa nawo anabwera kudzawauza kuti mankhwala si tchimo, kuti filimuyo sikunena za chipatala. Anawayankha kuti, "Abusa, inu munaphunzira za Mulungu, mwana wanga anaphunzira za iwowo."

Aonda, Lemani. Jekete lija likuchita kulendewera. Madzi akumwa ngati ng'ombe, ndipo ali ndi kabala pachala chakuphazi kamene anadzibaya ndi chitsa kudimba, sikakupola.

Koma sindinawaonepo osangalala chonchi chimwalirire amayi. Akuyimba nyimbo posamba. Aliyense wodutsa pamsewu akumuuza za iwe.

Iwe ndi mchere wako! Unaikiranji zimene mzungu sananene? Koma ndikukalipira chiyani, anakukakamiza ndine. Ndiuze chochita, mutu wanga waima.

Felister


Al Muntazah, Doha
24 Julaye 2024

Achemwali, kalata iyi muwawerengere lero lomwe, yonse, osadumpha liwu. Ndayesa kuganiza njira ina, palibe. Akudalira umboni wanga, ndiye umboniwo uyenera kugwa.

Abambo,

Ndikupatsani moni mwaulemu. Ndamva kuti mwasiya mankhwala chifukwa cha mawu anga, ndiye ndiyenera kukuuzani zoona.

Mawu aja onena za anthu a makoti oyera m'filimu mulibe. Mzungu sanawanene. Ndinawapeka ndine kuti anthu aseke, monga amachitira omasulira a pamsika amene inu munawakana. Adokotala anu sanakunamizeni. Ngati mukufuna munthu amene bodza lili tho m'matumba mwake, ndine.

Ndikanakonda kulekera pomwepa, koma mukanadzandifunsa za zinazo, ndipo sindikufuna kukunamizani kawiri. Zimene filimu ikunena za zaka za dziko ndi za miyala sindizikhulupirira. Sindinazikhulupirire pojambula paja, ndipo lero sindizikhulupirira. Ndinkalankhula ndi mtima wonse, inde, koma chimene chinali mumtimamo ndi inu, osati miyala. Ndinkafuna munditchulenso dzina.

Munanena zoona kuti sukulu ya oyeza miyala ndi ya oyeza magazi ndi imodzi. Anthu ake amalakwitsa ngati wina aliyense, koma ntchito yawo ndi kuyeza, kuyezanso, ndi kukonza akalakwitsa. Ambiri mwa iwo amagwada pamaso pa Mulungu yemweyo. Ine sindinabwerere kwa Mulungu chifukwa sindinachokeko. Ndimakhulupirira kuti analenga zonse, kungoti anatenga nthawi imene ife sitingaiwerenge. Ndimakhulupiriranso kuti amayi adzauka. Lonjezo limenelo silinatsamire pa zaka za miyala, abambo, linatsamira pa manda aja amene anapezeka opanda munthu.

Ndikudziwa chimene kalata iyi indilande. Ndakhala miyezi itatu ndili mwana wanu, ndipo inali yokoma kuposa china chilichonse chimene ndapeza kuno. Koma ndi bwino mundikwiyire muli moyo.

Imwani mankhwala. Pitani akaone chala chimenecho. Ndikupempha nditagwada.

Mwana wanu,
Lemani


Mponela
6 Ogasiti 2024

Lemani,

Usandiimbirenso uku ukukuwa, sindine mwana wako. Eya, sindinawawerengere. Ndavomera.

Ndinakhala nayo pampando, iwo atatchera khutu, akumwetulira kuti, "Mwana wanga akuti bwanji?" Ndinawerenga moni yekha basi. Ndinangopeka kuti ukuti kukutentha ndipo ubwera Disembala. Iwe uli kutali, umangolemba n'kupita ku ntchito. Amene aone nkhope yawo ikugwa ndine. Amene ndikhale nawo m'nyumba yopanda mawu, monga zaka zija, ndinenso.

Sabata yamawa kuli msonkhano waukulu wa mipingo yonse ya dera lino, ndipo awapatsa nthawi yoonetsa filimu. Asokeretsa kale jekete kwa telala kuti liwakwane. Ndimati udutse msonkhanowo kaye. Ndikuyesa kuwasinjira mapiritsi m'phala, koma akumva kuwawa n'kulisiya.

Ndipatse masiku ochepa chabe.

Felister


Doha
7 Ogasiti 2024

Achemwali,

Pepani kuti ndinakukalipirani. Ndikudziwa kuti katundu yense ali pamutu panu. Koma bala la munthu wa shuga silidikira msonkhano. Ndapempha emergency leave, andikaniza, akuti bambo sanagonekedwe m'chipatala. Ndilibe manja ena kumeneko koma anuwo. Werengani kalatayo, chonde.

Lemani


Chipatala cha boma
20 Ogasiti 2024

Mlongo wanga,

Ali moyo. Ndayamba ndi zimenezo kuti upume.

Kumsonkhano sanafikeko. Anagwa pokwera minibasi, phazi litatupa mpaka nsapato osalowa. Tinabwera nawo kuno. Madokotala anati zala ziwiri zawola, achotse msanga zisanafalikire mwendo wonse. Abambo anakana. Anakana jakisoni, anakana diripi, akuti anthu a makoti oyera asawakhudze, akufuna abwerere kwawo. Adokotala ena achitsikana anachita kuwagwadira, osatheka.

Ndiye ndinatulutsa foni. Ndinawerenga yonse, osadumpha liwu, monga unanenera. Odwala a mabedi oyandikana anamva nawo, ndinalibe kochitira. Nditafika paja ukuti wabodza ndiwe anati, "Bwereza." Ndinabwereza. Nditafika paja ukuti za miyala suzikhulupirira anatseka maso. Nditamaliza anafunsa tsiku limene unalemba. Nditawauza anandiyang'ana nthawi yaitali. Ndikanakonda akanandimenya.

Pambuyo pake anaitana adokotala aja n'kunena kuti, "Mwana wanga, ndinakunyozani popanda chifukwa. Gwirani ntchito yanu." Anatambasula dzanja okha kuti abayidwe.

Zala achotsa, mwendo wapulumuka. Shuga akutsika. Akumwa chilichonse chimene apatsidwa popanda kuwanyengerera. Koma sakuyimba, ndipo sanakufunse. Dzulo anapempha pepala ndi cholembera. Alemba okha atatsamira pilo, ndipo anandiletsa kuwerenga. Ndajambula nditayang'ana kumbali, ndiye ngati yapendekeka undikhululukire.

Zala zimenezo zili pa ine, Lemani. Ndikanawerenga tsiku lomwe lija.

Felister


Chipatala
19 Ogasiti 2024

Lemani,

Kalata yako ndaimva.

Mankhwala ndikumwa ndipo sindisiyanso. Ndinawasiya chifukwa cha umboni wako. Umboniwo wapezeka wonama, ndiye madokotala alibe mlandu. Ndikatuluka muno ndikaima pamaso pa mpingo n'kunena kuti ndinawaonetsa mawu opeka, pakuti alipo ena amene anasiya mankhwala awo poona ine.

Dziko linalengedwa masiku asanu ndi limodzi. Ndidzafa ndikunena zomwezo. Pa zimenezi tinasiyana kale, ndipo mwina tikanakhala choncho, iwe uko ine kuno, aliyense akunena zimene akukhulupirira. Pakhonde paja unandikwiyitsa, koma unali kunena zoona zako. Ndinkakulemekeza, ngakhale sindinakuuze.

Unganene kuti wandipulumutsa. Mwina n'zoona. Sindikutemberera, ndipo dalitso lija sindikulilanda. Koma Disembala usavutike kubwera, ndipo Felister ndamuuza asandiwerengerenso makalata ako.

Chikundisowetsa tulo ndi chimodzi. Filimu itatha, zithunzi zitazima, unapemphera. Unatchula amayi ako, unanditchula ine, unapempha kuti tonse tidzakumane tsiku la kuuka lija. Ndinkadikira pamenepo m'mawa uliwonse. Tsopano sindikudziwa ngati nalonso linali la kuti anthu asangalale.

Usandiyankhe. Ukati linali loona, ndidzadziwa bwanji?

Grayson Mlongoti